Jekete la Bambo a Tiya

Ndinakuwa mu laibulale, anthu inu. Ine wa imvi mutu wonse, ndinakuwa pamalo poti ngakhale chifuwa umachita kuchimeza.

Ena mwamva kale, poti ku Edmonton kuno, mu London, nkhani imakwera basi mwini wake akadali pa siteji. Tsono m'malo moti muziimva yopotoka pakhomo la tchalitchi, ndati sabata ino ndiinene ndekha. Mtsikana amene amandilembera mawu angawa ndamuuza kuti asadulepo kanthu. Ine cholembera sindinachigwirepo. Changa ndi pakamwa.

Linali Loweruka. Mwana wanga Esinati, yemwe ndi namwino pa chipatala chachikulu chija, anali pa shifiti ya m'mawa. Potuluka anandisiyira mdzukulu wanga Tiyamike, amene timangomuti Tiya, ndi mawu akuti ku laibulale akuonetsa makatuni akale, tipite kuti mwana asamangoti maso pa foni tsiku lonse. Kunja kunali kamvula kakuno kaja, kosameretsa chimanga koma kolowa m'mafupa.

Tinapeza ana atakhala pa kapeti, makolo pa timipando kumbuyo, majekete onyowa atawasanjika pa maondo. Mayi wina wamagalasi anaima kutsogolo n'kulankhula Chingerezi chake chothamanga. Tiya anandinong'oneza kuti filimuyo ndi ya ku Falansa, yakalekale, ya nthawi imene nkhondo yaikulu ya azungu inali itangotha, ine ndisanabadwe. Akuti anthu ankachita kujambula pamanja, chithunzi chimodzichimodzi, mpaka zithunzizo n'kuyamba kuyenda.

"Ilibe mawu, Gogo," anatero. "Ndi nyimbo yokha. Nanunso lero mumva."

Ndinamutsina pang'ono pa ntchafu chifukwa cha mwanowo. Magetsi anazima.

Mitundu yake inali yosuluka ngati chitenje chochapidwa zaka zambiri. Tinaona tinyumba titalititali tothinana, ta machumuni okhotakhota, zingwe zoyanikira zovala zitamangidwa kuchoka pa zenera ili kufika pa zenera ilo. Kodiyoni ikulira chapansipansi. Mayi wina wonenepa, wochapa zovala za anthu, anayanika chikhoti chachimuna n'kulowa m'nyumba. Pakhomo lina panakhala kamtsikana, chibwano chili m'manja, kopanda wosewera naye.

Kenaka kunabwera mphepo. Inalowa m'chikhoti chija. Chikhoti chinafufuma pachifuwa, mikono n'kudzuka, chinatsika pa chingwe n'kuima chilili pamsewu. Mutu chinalibe. Miyendo chinalibe. Chinawerama pamaso pa kamtsikana kaja, monga achitira munthu waulemu, n'kutambasula mkono wopanda dzanja.

Ana anaseka. Makolo anaseka.

Ine ayi.

Ndikufunseni inu amene munakulira kwathu: chovala choyenda chokha, mwini wake kulibe, chikuitana mwana wa eni ake, n'chiyani chimenecho? N'choseketsa? Si mwini wake amene wabwerera kudzatenga wake?

Kamtsikana kaja katayamba kukweza dzanja, ine sindinadziwenso kuti ndili kuti. Ndinangomva mawu anga ali m'mwamba: "Iwe mwana iwe! Usagwire! Thawira kwa amako!"

Mitu yonse inatembenuka. Bambo wina anaika chala pamlomo. Mayi wamagalasi uja anabwera chowerama, akumwetulira kumwetulira kwakuno kuja kosafika m'maso, n'kundifunsa ngati ndili bwino. Kwathu nkhani ikamakambidwa umayankha, umadandaula nawo, umachenjeza amene akulowa m'dzenje. Kuno umangokhala chete ngati uli pamzere wa kuchipatala. Akuluakulu anati kwa eni kulibe mkuwe. Ndinakokera duku kumaso n'kumeza mawu otsalawo.

Filimuyo inapitirira osandimvera. Kamtsikana kanagwira. Chikhoti chinakanyamula n'kuuluka nako pamwamba pa madenga. Anaba buledi wautali ngati munsi, wapolisi wa ndevu zopiringizika n'kumawathamangitsa mpaka kugwera mu mtsinje, chipewa chake n'kumayandama. Anakwera kumitambo n'kukakhala pa mtambo wina kuti adye. Mwana akudyadi, chikhoti chikungonyenyera buledi m'khosi mopanda kanthu, nyenyeswa n'kumagwa, mbalame n'kumawakha. Pomaliza mphepo inatha. Chikhoti chinaphwa, chinagwa pamsewu ngati chiguduli. Mayi wochapa uja anachitola, anachikutumula, n'kuchipana pa chingwe ndi mapegisi ambirimbiri kuti chisadzathawenso. Basi, yatha. Tiyi ukanamuthira poyamba paja akanakhala asanazizire.

Anthu anaomba m'manja. Ndinatembenukira kwa Tiya, ndili wokonzeka kupepesa kuti ndamuchititsa manyazi pamaso pa anzake a kusukulu. Koma iye sankandiona n'komwe. Maso ake anali pa khoma loyera, pomwe panali chikhoti paja. Ndinazindikira kuti pa filimu yonseyo sanasekepo.

Potuluka ndinamutuma kuti afunse mayi wamagalasi uja kuti chikhoticho chinali cha yani. Mayiyo anaseka, anati sichinali cha munthu, ndi masewera a mphepo chabe, zongosangalatsa mabanja. Kaya. Ine sindinaphunzire, koma ndikuti m'dziko limene nkhondo yangotha kumene, zikhoti zopanda eni ake zimakhala zambiri, ndi ana okhala pakhomo manja ali pachibwano. Amene anajambula zimenezija anali ataonapo kanthu.

Pano ndiyenera kukuuzani za bambo a Tiya, ngakhale ambiri a inu munasonkha nawo kuti thupi lawo likwere ndege. Dzina lawo sinditchula. Mkamwini satchulidwa dzina ndi apongozi ake, kaya ali moyo kaya anagona. Ankagwira ntchito yosamala okalamba. Chaka chatha anagwa ali pantchito, mtima, osadzukanso. Anakaikidwa kwawo ku Kasungu. Esinati anaperekeza maliro n'kubwerera msanga, poti tchuthi cha maliro cha kuno n'chachifupi ngati mchira wa mbuzi. Tiya sanapite. Anaona bambo ake akutsitsidwa m'manda pa foni, chithunzi chikuimaima chifukwa cha netiweki. Ine ndinabwera pambuyo pake kudzathandiza kulera.

Munthuyo ndinkamulemekeza, ndipo kwathu kulemekeza mkamwini ndiko kumupewa. Ulendo wanga woyamba, Tiya atangobadwa, tinakhala m'fulati yomweyi miyezi ingapo osayang'anana m'maso. Taganizani, kakhonde kake n'kopapatiza koti anthu awiri sangapatukirane. Iwo akafuna kutuluka kuchipinda ankayamba atsokomola, ine n'kuthawira kukhitchini. Akafuna kundiuza kanthu ankauza firiji: "Amayi auzidwe kuti kunja kwazizira, avale masokosi." Ine n'kuyankha ketulo: "Auzidwe kuti tamva." Esinati ankaseka mpaka misozi, amvekere, "Anthu inu, kuno ndi ku London!" Koma ife zinkatikomera choncho.

Titafika kunyumba Loweruka lija, ndinalowa kukhitchini kukatenthetsa chakudya. Posakhalitsa ndinamva kuzizira kukundikwera m'miyendo. Ndinagwira hita, ndinapeza ikutentha bwinobwino. Ndinaitsata mphepoyo m'kakhonde mpaka pa chitseko cha chipinda cha Esinati.

Wodilopu inali yasa. Mazenera a m'mwamba muno amatseguka pang'ono chabe, kuti ana asagwe, ndipo Tiya anali atakankha la chipindacho mpaka pomwe limalekezera. Pa chogwirira chake anali atakolekapo jekete la bambo ake, lakuda lija ankavala popita kutchalitchi. Iye anali atakhala pa bedi, manja pa maondo, akudikira.

Ndinaima pakhomo. Chipinda cha mwana wako ndi mwamuna wake kholo salowamo. Chibwerereni ndinali ndisanapondemo, ngakhale kukasesa.

"Tiya, tseka zenera. Udwala."

"Wait, Gogo. Mphepo ikubwera."

"Ndati tuluka m'menemo, kamkazi kamakani iwe."

"Lowani mudzanditulutse."

Amadziwa, mwana ameneyu. Chichewa amayankha chothyokathyoka, koma malamulo anga onse amawadziwa ngati loya.

Ndinakhala pansi pakhomo pomwepo, miyendo n'kutambalala m'kakhonde. Tinadikira awiri. Kamphepo kanalowa, mkono umodzi wa jekete unagwedezeka pang'ono n'kubwerera. Tiya anaimirira. Unagwedezekanso. Kenaka zii. Mvula inayamba kudonthera pa phewa la jekete.

"Ndi lolemera kwambiri, eti Gogo?" anatero osandiyang'ana. "Chija chinali cha pepala."

Ndinati eya.

Anakhalanso pa bedi. Kenaka anafunsa: "Kumudzi, munthu akafa, zovala zake zimapita kuti?"

Ndinamuuza zimene ndikukukumbutsani inu pano, poti ena mwaiwala, ena mwaiwala dala. Kwathu maliro akatha, anthu atameta, akuluakulu amayala mphasa n'kutulutsa zovala za malemu zitachapidwa. Amagawa. Malaya kwa mng'ono wake, buluku kwa mphwake, nsapato kwa amene zamukwana, chipewa kwa mnzake amene ankasewera naye bawo. Palibe chimene chimabwerera m'thumba.

Amuna anga atamwalira ku Dowa, malaya awo a mizeremizere anatenga ndi alamu anga. Tsiku loyamba kuwaona malayawo akutsetserekera kudimba, ndinagwetsa ndowa ya madzi, ndinalira ngati maliro ayambiranso. Tsiku lina ndinangoima n'kumawayang'ana mpaka atazimiririka mu nzimbe. Pofika nthawi yokolola ndinali nditayamba kukalipa: "Alamu, malaya a eni ake mwang'amba pachigongono, bweretsani ndisoke!" Pomwe malayawo ankasanduka chigamba chopukutira mbale, ine ndinali nditayambanso kuseka ndi anzanga ku chigayo. Chisoni chimasuluka limodzi ndi nsalu. Koma nsaluyo iziyenda, iziombedwa ndi dzuwa, izilowa m'madzi.

Nanga kuno timatani?

Kuno timasonkha, thupi n'kukwera ndege, ndipo pamenepo sindinyoza munthu, mumagwirana manja zedi. Koma ndege ikangonyamuka aliyense amathamangira shifiti yake. Wamasiye amabwerera m'fulati n'kutseka wodilopu. Zovala zimakhala mumdima, zosachapa, fungo la mwini wake lili momwemo ngati wavula dzulo. Ndi nyumba zingati ku Woolwich, ku Peckham, ku Edmonton kuno, zimene zili ndi maliro osatha atapachikidwa pa hang'ala? Timati mwana sakudziwa kanthu poti sakulira. Ndani anakuuzani? Timamukhazika pa makatuni kuti aiwale, osadziwa kuti katuni yomweyo ikamulozera chitseko chimene ife tikuchizemba.

Esinati anatipeza choncho chakumadzulo, yunifolomu ili m'thupi, mapazi atatupa. Anandilumpha miyendo, anaona zenera, anaona jekete lonyowa. Anapita kukhitchini n'kubwera ndi majumbo akuda otayira zinyalala aja, n'kuyamba kuthothola zovala mu wodilopu, pamodzi ndi mahang'ala omwe.

"Mawa zonsezi ku chariti," anatero. "Ndatopa."

Inu a kumudzi amene mumawerenga zimenezi pa foni, chariti ndi mashopu amene anthu amakasiyako zovala kuti zigulitsidwe, phindu lake lithandize ovutika.

"Mwana wanga, zovalazo zili ndi eni ake ku Kasungu."

"Eni ake ati, amayi? Amene anandifunsa za laputopu dothi lisanaume pamanda? Amenewo?"

"Si onse."

"Inu simukudziwa. M'mawa uliwonse ndimatsegula muno kuti nditenge yunifolomu, fungo lawo n'kundimenya kumaso. Ndiye ndikwere basi, ndikamwetulire odwala a eni ake tsiku lathunthu. Chaka chonse, amayi! Mwambo wanuwo unabwerapo kudzanditsegulira wodilopu?"

Ndipo ndinene pano, wina asandinamizire kuti ndikuti zakwathu zonse n'zoyera. M'mwambo womwewu mumabisala akuba. Ndinaonapo akazi amasiye akulandidwa ndi mphasa yomwe, ana n'kugona padothi, olandawo akuti tikugawa za malemu. Esinati sankanama.

Apo n'kuti Tiya atalikumbatira jekete lija, amake akukoka mkono umodzi, iye akukuwa m'Chingerezi mawu amene sindinafune kuti wina anditanthauzire.

Phokosolo linakoka amai Zulu a khomo loyandikana nafe, mayi wa ku Chipata amene amakonza m'masitima. Iwo chipinda cha munthu sachiopa. Anandilumpha nawonso, analowa mpaka m'kati, manja ali m'chiuno.

"Manje ni nkhondo ya chani? Esinati, vovala ivi upeleka ku chariti? Uziba kwamene viyenda? Vosagulika kuno amavimanga mu mabelo, vakwela sitima, vafika kwatu. Ife timati salaula, imwe mumati kaunjika. Mulamu wako azapeza jekete ya mukulu wake pa msika ku Kasungu, azayamba kukangana na mwine wa belo: 'Chosaniko bwana, yasila pa kolala!'"

Ankanena moseka, monga mwa khalidwe lawo. Koma palibe amene anaseka. Esinati anausiya mkono uja. Anakhala pa bedi, jumbo lakuda lili pa miyendo, n'kuyamba kulira kulira kumene ndinali ndisanamumvepo chibwerereni, kwa pakamwa yasa, ngati kamwana.

Ndinayang'ana mzere umene kapeti wa m'khonde amakumana ndi wa kuchipinda. Mwana wanga akulira uko, ine ndili kuno. Ndinati mumtima, bambo a Tiya, mundikhululukire. Ndinatsokomola kamodzi, monga ankachitira iwo, n'kulowa.

Ndinatseka zenera. Ndinakhuthula majumbo. Ine ndi amai Zulu tinachapa zonse pa makina n'kuyanika pa mahita, nyumba yonse n'kumanunkhira sopo. Ndinapinda ndi manja angawa malaya a munthu amene sindinamuyang'anepo kumaso. Ndi pamene ndinadziwa kuti anali wochepa mapewa kuposa m'mene ndinkaganizira, ndi kuti mabatani ankadzisokera yekha, ndi ulusi wosiyana mtundu. M'thumba lina munali kalamba komangira tsitsi la mwana. Mkamwini wanga ndamudziwa atafa.

Tinagwirizana kuti zovalazo ndinyamula ndine. Mlendo ndi mame; viza yanga ikutha, ndikwera ndege posachedwapa. Mabulangete ndi mapoto amene ndinkadziunjikira atsala, sutikesi yanga ikhala ya bambo a Tiya. Apongozi kusenza zovala za mkamwini, kwathu sizinamvekepo. Akandiseka ku Dowa. Aseke.

Koma jekete Tiya anakana nalo.

"Likapita, a uncle azivala?"

"Azivala."

"Aziyenda nalo?"

"Aziyenda nalo. Kutchalitchi, ku ukwati, konsekonse."

"Ndiye ine ndiziliona bwanji?"

Ndinati azititumizira zithunzi pa foni. Anandiyang'ana m'mene amamuyang'anira munthu wabodza. Bambo ake anawaona kale pa foni, akulowa m'dothi.

Pamenepo mpomwe ndinaona pothera nzeru zanga. Mankhwala ndinali nawo ndithu, koma akagwira ntchito ku Kasungu, wodwala ali ku Edmonton.

Esinati anapukuta m'maso n'kuimbira alongo awo a malemu, mayi wodekha amene sanafunsepo za laputopu. Anamvetsera zonse, analira nawo, kenaka anati: "Zinazo bweretsani, tigawa bwinobwino. Jekete lisiyireni mwana, koma lisakhale m'bokosi. Pezani bambo wa kwathu konko, amene ankadya naye, alivale m'malo mwa m'bale wake. Ife tavomera."

Lamulungu ndinalinyamula m'jumbo kupita nalo kutchalitchi, Tiya atagwira mbali ina. Mapemphero atatha, pa nthawi ya tiyi, ndinayamba ndi bambo wina amene ankakhala benchi limodzi ndi malemu, yemwe analankhula mawu okoma kwambiri tsiku lotsanzikana ndi thupi. Ndinagwada, maondo angawa akulira, n'kufotokoza.

"Aaa, agogo, n'zaulemu zedi," anatero, phazi limodzi likubwerera m'mbuyo. "Koma mayi akunyumba sangazimvetse."

Wina anati n'lochepa, osaliyesa n'komwe. Wina anandidzutsa mwaulemu, anandipatsa mpando, n'kunena kuti ife ndife anthu opemphera, zakumidima tinazisiya kumudzi.

Zakumidima! Jekete limene linkalowa m'tchalitchi momwemo sabata iliyonse, limene linkayendetsa mbale ya chopereka! Ndipo bambo amenewo malaya amene anavala ndikuwadziwa, tinali limodzi mu chariti tsiku limene ankawagula. Akuganiza kuti mwini wake ali kuti? Anapita ku tchuthi? Chovala cha mzungu wakufa wosamudziwa n'choyera, cha mnzako amene unkapisa naye mbale imodzi ndiye chili ndi mizimu?

Mantha ndikuwadziwa, musandiuze. Ndine ndemwe ndinakuwa poona chikhoti cha pepala. Koma chimene chimaopsa ndi chovala chopanda munthu. Chikakhala ndi munthu wamoyo m'kati, wotuluka thukuta, wothamangira basi, chimenecho ndi chovala basi.

Tiya anaona zonse, atagwira bisiketi osailuma. Sanalire. Pa basi pobwerera anaika jumbolo pa mpando wa pazenera, iye n'kuima atagwira chitsulo. Mayi wina wa katundu wambiri atafuna kukhalapo, Tiya anamuuza mwaulemu kuti pepani, pali munthu. Mayiyo anayang'ana jumbo, anayang'ana ine. Ine ndinayang'ana panja.

Tsono ndikulankhula ndi inu abambo a ku Malawi ndi a ku Zambia amene muli mu London muno. Sindikupempha chopereka, munapereka kale, Mulungu akudalitseni. Ndikupempha mapewa. Munthu wochepa thupi, wamtali pang'ono, woti azilivala Lamulungu n'kumadutsa nalo pomwe mwana akuona. Alithimbiritse ndi tiyi. Aliiwale pa basi n'kukalipezanso. Aling'ambe m'khwapa ponyamula mipando. Tsiku loyamba mwanayo adzalira, musadzaope, si inu adzakhala akukulirirani. Mudzangopirira mpaka tsiku lina adzakudutseni pakhomo la tchalitchi akuthamanga ndi anzake, osatembenuka.

Ndi ntchito ya m'bale, ndikudziwa, ndipo inu si m'bale wake. Koma abale athu tonse ali kutsidya kwa nyanja, ndipo viza sapatsidwa munthu woti adzavale jekete. Maliro n'kulirana, kuno ubale tizichita kubwerekana.

Jekete lili kuseri kwa chitseko cha chipinda changa, louma, losita. Ndege siindidikira. Ndikanyamuka lisanapeze mwini, Esinati alibweza mu wodilopu, ndipo ine sindidzamudzudzula.

Nanunso bambo muli nalo jekete lanu labwino, lija mumalisungira maukwati. Mwana wanu akadzalinyamula m'jumbo pa nthawi ya tiyi, mukufuna adzamuyankhe chiyani?